Usandiwombolere Nyumba Ija

Itepela, Ngauma
Lachinayi masana

Mwana wanga Odete,

Ndikulemba uku iwe wapita kukatsanzika kwa amalume ako a Zakariya. Kalatayi ndiyiika pansi m'chikwama chako, mkati mwa chitenje chofiira. Usaiwerengere mu shapa, minibasi yodzaza anthu ija. Uiwerenge ukafika ku Cuamba, ku ntchito yako yatsopano, utasamba, utakhala pansi. Ukundidziwa, pakamwa panga mpolemera. Mawu amafika pakhosi n'kubwerera. Sukulu ndinalekezera kalasi yachisanu, choncho ndayamba ndalemba ndi pensulo, ndiye ndikubwereza ndi cholembera kuti ndisasiye kanthu. Ukapeza polakwika ukonze mumtima, usandiseke.

Dzulo tikutonola chimanga unati, "Amayi, nyumba yathu ija ya ku Cuamba akuigulitsanso, ndipo yatsika mtengo. Ife anamwino a boma a banku amatikongoza. Ndikangolandira miyezi ingapo, ndikuwombolerani." Ine ndinangoti zii. Iwe unaseka n'kuti, "Taonani amayi, chimwemwe chawatseka pakamwa." Sichinali chimwemwe, mwana wanga. Chitsononkho chinandigwa m'manja.

Ndikupempha chinthu chimodzi. Nyumba ija usaigule. Zifukwa zilipo ziwiri, china ncha ndalama, china si cha ndalama. Ndiyamba ndi cha ndalama chifukwa ndicho chosavuta kulemba.

Iwe ukukumbukira zitseko zobiriwira, mtengo wa mango, ndi sitima ikamalira kutali. Unali mwana, sukudziwa mmene tinalowera. Bambo ako a Alimando ankayendetsa lole ya kampani ya thonje, ndipo malipiro awo ankadzera ku banku. Tinkakhala m'chipinda chimodzi cha lenda pafupi ndi njanji, iwe ukugona kumiyendo kwathu. Tsiku lina anabwera akumwetulira n'kuti, "Amake Odete, valani chitenje chabwino, tikagule nyumba." Ndinafunsa kuti ndi ndalama ziti. Anati, "Za banku. Iwo alipira mwini nyumba lero, ife tiziwabwezera pang'onopang'ono mwezi ndi mwezi, zaka makumi awiri." Mu banku muja munali mozizira ngati m'chipinda chosungiramo maliro kuchipatala. Mnyamata wa tayi anatikhazika pansi, n'kuyankhula Chipwitikizi chothamanga, n'kutchula ndalama ya pamwezi. Bambo ako anandinong'oneza kuti, "Imeneyi timatha." Ine funso linali pa lilime. Ndinkafuna kufunsa kuti, nanga miyezi yonseyo mukaiphatikiza, ikhala ndalama zingati? Koma ndinayang'ana nsapato zanga zafumbi pa simenti yawo yonyezimira, n'kuchita manyazi. Ndinasayina pamene anandilozera. Odete, funso limene ndinameza tsiku limenelo ndilo linali loyenera kuyamba kufunsidwa. Usamafunse ya pamwezi yokha. Funsa yonse pamodzi, mpaka mwezi womaliza, ndipo akulembere pa pepala.

Tinalakwanso kwina, ndipo kumeneku tinalakwa chifukwa ndife anthu a kuno. Iwe ukudziwa mmene timamangira ku Itepela. Chaka chino munthu aumba njerwa n'kuwotcha. Fodya akagulidwa, agula malata asanu n'kuwasunga kudenga kwa achimwene ake. Chaka chinacho awonjezera. Tsiku limene denga latha, mwasonkha moto, mwagonamo, nyumbayo ndi yanu, palibenso wobwera kudzafunsa kanthu. Nzeru imeneyo ndi imene tinapita nayo m'tauni. Atatipatsa makiyi tinapha nkhuku, tinasonkha moto, tinagonamo, n'kuti basi tagula. Amalume ako atabwera kudzaona anagogoda khoma ndi chala n'kuti, "Mlamu, nyumba yobwera ndi pepala imapitanso ndi pepala." Bambo ako anaseka n'kuti, "Nsanje, alamu. Inu kwanu khoswe akadumpha padenga udzu umagwera m'ndiwo." Tonse tinaseka. Sitinamvetse kuti nyumbayo ndiyo chikole cha ngongoleyo, ndipo mpaka mwezi womaliza, mwini wake weniweni amakhala ku banku kozizira kuja. Makiyi okha sakupanga munthu kukhala mwini nyumba, mwana wanga. Mawu amenewa uwasunge, ndibwereranso kwa iwo.

Powerengera, bambo ako anaphatikiza malipiro awo ndi fodya wa m'munda wanga wa kuno, amene amalume ako ankatilimira. Pa pepala zinkakwana bwinobwino. Koma fodya amabwera kamodzi pachaka, pamene mwezi wa banku umabwera kakhumi ndi kawiri. Mweziwo sudziwa Januwale, sudziwa maliro, sudziwa kuti mvula yadula. Malipiro akangolowa, a banku ankayamba atenga zawo, ife n'kutola zotsala. Miyezi ya pambuyo pa fodya tinkadya nyama. Miyezi ya mvula ndinkakazinga chimanga n'kukuuza kuti ndi phwando. Chaka china fodya anapsa ndi dzuwa, ndipo dzenje limene linakumbika chaka chimenecho sitinalikwirirenso. Iwe ukamawerengera, uwerengere mwezi woipitsitsa, osati wabwino. Uziyesa mwezi umene wadwala, kuno kwagwa maliro, ndipo malipiro achedwa. Ngati ndalama ya banku ikukwanabe m'mwezi umenewo, ndiye kuti ikukwana.

Titalipira zaka zisanu osaphonya, bambo ako anati tikafunse zotsala. Panjira ankaimba mluzu, ankati mwina tadula gawo lalikulu. Tinapeza mayi wina wachikulire, wa mtima wabwino, wolankhula Chinyanja. Atatiuza ngongole yotsala, bambo ako anati, "Pepani mayi, mwina mwatsegula dzina la munthu wina." Ngongole inali itangosuntha pang'ono, ngati mmene chulu chimachepera ukachotsapo khasu limodzi. Mayi aja anatenga pepala n'kutijambulira. Anati ndalama ya mwezi uliwonse imagawika pawiri. Gawo lina limadula ngongole, gawo lina ndi juru, chimene a ku Malawi amati chiwongoladzanja, mtengo wobwerekera ndalama za eni. Zaka zoyamba, pamene ngongole idakali yaikulu, pafupifupi yonse imapita ku juru. Ngongole yeniyeni imayamba kutsika bwino kumapeto. Pamenepo ndinalimba mtima n'kufunsa funso langa lija, mochedwa ndi zaka zisanu. Mayi aja anawerengera, n'kutembenuza pepala kuti ndione. Miyezi yonse pamodzi inali pafupifupi mtengo wa nyumba zitatu.

Nyumba zitatu, Odete. Imodzi tinkagonamo. Ziwiri zinazo sitinazione ndi maso, koma tinkazilipira mwezi ndi mwezi. Chibwerereni ku banku tsiku limenelo ndinayamba kuzimva. Ndikamasesa pabwalo masana, dzuwa lili paliwombo, malata akuthetheka, ndinkaona ngati zaima pambali pa yathu, ina kumanja ina kumanzere, zopanda zitseko, zopanda mawindo, zikudikira chakudya chawo. Sindikunena kuti ndinaziona. Ndikuti ndinkasesa mofulumira n'kulowa m'nyumba. Mpaka lero ndikamva munthu akuti "ndalama ya pamwezi ndi yochepa", ndimayang'ana kumanja ndi kumanzere kwake.

Ndiye panali pakamwa pena pambiri podya ndalama pamene sitinawerengere. Ndalama ya pamwezi ija sinakhale pamodzimodzi. Inakwerapo, ndipo titadandaula anationetsa mzere m'mapepala amene tinasayina, wonena kuti juru ikhoza kukwera zinthu zikasintha m'dziko. Mzerewo unalipo kuyambira tsiku loyamba, ife ndife sitinaufunse. Panali ndalama za mapepala a boma poyamba, msonkho wa nyumba, madzi, magetsi. Panali seguru, imene umalipira kuti wokongola akamwalira ngongole ifafanizidwe. Denga litayamba kudontha ndinati tikauze eni ake, bambo ako n'kuti, "Eni ake ndife, amake Odete." Ndinadabwa nazo. Pokonza denga eni ake tinali ife, koma pochedwa kulipira eni ake anali iwo. Iwe ufunse zonsezi. Kodi ya pamwezi ingakwere? Kodi ndikachedwa chindapusa nchotani? Kodi seguru imafa ndikaphonya miyezi ingati? Usachite manyazi ngati amako. Manyazi anga anadula kuposa malata onse a nyumba ija.

Za matenda a bambo ako ukudziwa zina. Chifuwa chinawagwira, miyendo inatupa, lole a kampani anapatsa wina. Malipiro atasiya kulowa, tinaphonya mwezi, kenako wina, kenako wina. Ndinagulitsa wailesi, mipando, ndi mbuzi zanga za kuno. Ndinkathamangira ngongole yaikulu ija, osadziwa kuti seguru nayo yaima chifukwa sinalipidwe. Bambo ako ankanditonthoza ali pamphasa kuti, "Musalire, ine ndikapita seguru ilipira, nyumba ikhala yanu ndi mwana." Anamwalira akukhulupirira zimenezo. Titabwera kuno kudzaika maliro n'kubwerera, ndinapita ku banku ndi pepala la imfa. Mayi achifundo aja anayang'ana nthawi yaitali, n'kuvula magalasi, n'kuti, "Mwana wanga, seguru inafa iwo asanafe."

Foni ya bambo ako ndinaisunga m'chitini pamodzi ndi mapepala. Kutha kwa mwezi woyamba, masana, ndikusankha nyemba, chitini chinalira. Nditatsegula ndinapeza foni yayaka, uthenga wa banku ukutchula dzina lawo lonse, kuwapatsa moni mwaulemu, n'kuwakumbutsa kuti tsiku lakwana. Munthu ali m'manda ku Itepela, koma akuitanidwa ku Cuamba. Mwezi wotsatira inaliranso, tsiku lomwelo. Ndinaizimitsa n'kuikulunga m'nsanza. Ndikudziwa kuti ndi makina amene amatumiza, iwe wophunzira usandiuze. Koma kufikira lero, mwezi ukamatha, khutu langa limamva chitini chija, chonsecho foniyo ndinaitaya m'chimbudzi kalekale. Ngongole ya zaka makumi awiri imatha kukhala moyo kuposa munthu amene anaisayina. Usanasayine, udzifunse kuti ikadzakupitirira idzatsalira ndani.

Tsopano ndafika pa chifukwa chachiwiri. Ndaima kaye, ndamwa madzi, ndasongola pensulo ngakhale inali yosongoka kale. Nkhani iyi amauzana akazi okhaokha, ndipo iwe tsopano ndiwe mkazi, ndiponso namwino.

Chaka chachiwiri tili m'nyumba ija ndinali ndi pakati. Iwe unali ndi zaka zinayi. Ukukumbukira nthawi imene unakagona masiku angapo kwa Abiti Saidi, mayi wa Chiyao wa kuseri kwa mpanda, amene ankakupatsa zitumbuwa? Tinakuuza kuti ndadwala malungo. Sanali malungo. Mimba inali ya miyezi isanu ndi iwiri. Bambo ako anali pa ulendo ndi thonje. Zinandiyamba masana ndikuchapa, ndipo zinafulumira kwambiri moti za chipatala sizinatheke. Abiti Saidi anadumpha mpanda atamva kubuula, n'kuitana mayi wina wachikulire wa Chimakuwa wa nyumba yotsatira. Mwana anabadwa ali chete. Anali wamkazi. Anali ndi tsitsi lambiri ngati iwe.

Ukudziwa mwambo wa mtayo. Salira, saitana abambo, sapita naye kumanda a akuluakulu ndi nyimbo. Amayi okha amamuika mwakachetechete, m'dzenje losazama, tsiku lomwelo. Kukanakhala kuno, akanamuika m'mphepete mwa manda athu, kumene kuli ana anzake. Koma Itepela anali kutali, ine ndinali kutaya magazi, dzuwa linali kupendeka. Abiti Saidi anagwada pafupi ndi mutu wanga n'kundifunsa kuti, "Amake Odete, mundiuze zoona. Nyumba ino ndi yanu, kapena ndi ya lenda? Ngati ndi ya lenda, timunyamula tikafune malo kuthengo. Mwana sasiyidwa pakhomo pa eni." Ine ndinayankha ndi mtima wonse, osakayika ngakhale pang'ono. Ndinati, "Ndi yathu. Tinagula."

Anamuika kuseri kwa nyumba, pakati pa khoma la kophikira ndi mtengo wa mango. Pofuna kuti agalu asafukule, anatenga mphero yanga, ija ndinachoka nayo kuno pokwatiwa, n'kuivundikira pamwamba. Wakhala ukundifunsa kuyambira uli mwana chifukwa chake ndimasunga mwanamphero wopanda mphero yake. Nthawi zonse ndimati inasweka. Sinasweke. Ili ku Cuamba, pamwamba pa mng'ono wako.

Sindinaname dala, mwana wanga. Ndinkayesa kuti makiyi ndiwo umwini. Abiti Saidi anafunsa funso loyenera, ine ndinayankha zimene ndinkadziwa. Ndikanamvetsa mu banku muja kuti nyumba ya ngongole ili ngati ya lenda mpaka mwezi womaliza, mng'ono wako sakanagona pakhomo pa eni.

Tsiku lotuluka linafika patapita miyezi chimwalirireni bambo ako, makalata atabwera angapo. Anabwera amuna awiri ndi loko watsopano. Sanali ankhanza. Mmodzi anandithandiza kunyamula mtolo, n'kufunsa kuti, "Mayi, mwatenga zonse? Palibe chimene mwasiya?" Ndinayang'ana kuseri kwa nyumba. Pakamwa panatseguka. Koma anali amuna, alendo, ovala bwino, ndipo nkhani ya mtayo sauza amuna. Ndinati, "Palibe." Iwe unali utagwira chitenje changa, ukulirira mango amene anali asanapse. Loko analira. Tinakwera shapa ya ku Mandimba, ndipo njira yonse mpaka kupitirira Mitande mabere anga ankawawa ngati a munthu woyamwitsa, chonsecho panali patapita zaka.

Nyumba ija yagulidwapo katatu chichokereni ife. Unati yatsika mtengo, koma sunafunse chifukwa. Ine ndikudziwa, chifukwa chaka chathachi, pamene ndinapita ku Cuamba kukaonetsa diso kuchipatala, miyendo inanditengera komweko. Unali mwezi wotentha uja, mvula isanagwe, masana, msewu wopanda munthu. Zitseko zidakali zobiriwira, koma utoto ukusupuka. Pa geti panali loko. Mlonda wina wokalamba anali atakhala pamthunzi kunja, osati mkati. Sanandidziwe. Ndinamufunsa ngati munthu wongodutsa kuti bwanji nyumba yabwino chotere ilibe anthu. Anati, "Mayi, muno simukhalika. Analowa mphunzitsi, anatuluka. Analowa wa sitolo, anatuluka. Analowa wapolisi ndi mfuti yake, naye anatuluka. Muli kamwana muno. Mwezi ukamatha kamalira kuseri uko. Ine ndimalondera panja pano, ndalama yake ndi yomweyo."

Ndinasuzumira pa mpata wa mpanda. Udzu wa pabwalo unali wouma, wofika m'mawondo. Koma kuseri, pakati pa khoma ndi mango, panali posesedwa bwino, mizere ya tsache ikuoneka. Mphero ili pomwepo. Ndipo inali yonyowa, Odete, dzuwa lonse lija.

Ndinapita kwa Abiti Saidi. Akalamba, maso achita khungu pang'ono, koma mawu anga anawazindikira. Anati, "Amake Odete, mpaka lero mumayankhulabe ngati mukuopa kudzutsa munthu?" Tinaseka, kenako tinalira. Ndinawathokoza chifukwa chosesa pa mwana wanga. Anati, "Ine mpanda uja ndinasiya kudumpha kalekale. Miyendo yake iti?" Sindinafunsenso. Mwina ndi mdzukulu wawo, mwina ndi mayi wina wachifundo amene anamva nkhaniyi. Sindikudziwa, ndipo sindikufuna kukunamiza kuti ndikudziwa.

Koma ichi ndikudziwa, chifukwa Abiti Saidi anandiuza za anthu atatu aja mmodzimmodzi. Onse analowa ndi ngongole ya banku. Mphunzitsi anasamutsidwa, n'kulephera kulipira nyumba ija pamodzi ndi lenda ya kumene anapitako. Wa sitolo katundu wake anamuvuta pa malire. Wapolisi banja linatha, malipiro n'kugawika. Aliyense anaona mtengo wotsika ndi ndalama ya pamwezi, n'kunena mawu a bambo ako aja, "Imeneyi timatha." Kutha kwa mwezi munthu wangongole sagona, ndipo munthu wosagona amamva zambiri. Atatuluka, anapeza chonamizira chosachititsa manyazi. Nkosavuta kunena kuti "m'nyumba muja muli mzukwa" kusiyana ndi kunena kuti "sindinawerengere bwino". Ndiye tauni yonse ikuloza mwana wanga chala. Mwana amene sanapume ngakhale kamodzi, akuti wathamangitsa wapolisi wa mfuti. Zimenezi zimandipweteka kuposa kulandidwa nyumba. Amene amatulutsa anthu muja si mng'ono wako. Ndi nyumba ziwiri zosaoneka zija.

Ndiye taganiza, Odete. Iwe ulowe muja ndi malipiro a namwino woyamba kumene, chifukwa chofuna kusangalatsa amako. Usayine zaka makumi awiri, zaka zako zonse zobereka ndi kulera. Boma likusamutsire ku Lichinga kapena ku Mecanhelas, kapena udwale, kapena juru ikwere. Kutha kwa mwezi kukupeze uli maso, umve kanthu kuseri kwa nyumba. Udzayamba kumuopa mng'ono wako, kenako udzamuda. Ndipo tsiku la loko likadzafika, ndidzakhala ndasiya ana awiri pakhomo lija. Limenelo sindingalipirire.

Sindikuti ngongole ya nyumba ndi tchimo. Alipo amene anamaliza, ndipo akugona m'nyumba zawo. Tsiku lina udzafuna yako, ndipo ndidzakondwa. Koma uyambe wakhala pa lenda, uone mmene malipiro ako amayendera chaka chathunthu, mvula ndi chilimwe. Uzisunga padera mwezi uliwonse ndalama yofanana ndi imene banku ingadzafune, ngati kuti wayamba kale kulipira. Ukaona kuti ukupirira osakongola mchere, ndiye kuti msana ulipo, ndipo zimene wasungazo udzaperekeretu poyamba kuti ngongole ichepe. Mayi a ku banku aja anandiuza kuti zaka zikachepa, ya pamwezi imakula koma nyumba zosaoneka zimachepa, ndipo ukapeza ndalama yapadera n'kudula ngongole msanga, juru imachepa nayo. Ufunse ngati amalola zimenezo popanda chindapusa. Seguru usaiphonye ngakhale utagona ndi njala. Ndipo upite ndi pepala kunyumba, ukaliwerenge wekha pamalo potentha, osati mozizira muja mmene munthu amafulumira kuti atuluke. Kapena uchite za kwathu, upeze malo, uumbe njerwa, ugule malata asanu. Amalume ako adakali m'nyumba yawo ija bambo ako ankaiseka.

Zina zonse ukuzidziwa. Uzipemphera. Odwala uziwayankhula bwino, makamaka amayi ovala nsapato zafumbi amene akuyang'ana pansi. Amakhala ndi funso pa lilime. Uziwadikira.

Tsopano pempho langa. Unati ukufuna kundiwombolera chimene ndinataya ku Cuamba. Chimene ndinataya si makoma. M'chitenje chofiira muno upezanso kansalu koyera, ndakachapa ndi kukasita. Ukakhazikika, tsiku lopuma, upite kwa Abiti Saidi, uwatengere shuga ndi sopo. Uwauze kuti ndiwe Odete wa zitumbuwa. Iwo akakupezera mayi wina woti akuperekeze, usapite wekha, ndipo usapite ndi mwamuna. Mlonda umupatse moni mwaulemu, umuuze kuti amako anaiwala mphero kuseri, sadzakukaniza, iye mkati muja salowamo. Upite masana. Mphero usainyamule, ndi yolemera, ndipo ikugwira ntchito yake. Ugwade, utape dothi dzanja limodzi m'mphepete mwake, umange m'kansaluko. Usalire mokweza. Umuuze motsitsa mawu kuti, "Ndine mkulu wako, amayi andituma, tiye kwathu." Dzina alibe, koma adzamva.

Ukamabwera pa tchuthi cha Natale, nthawi ya Khirisimasi, kansaluko ukaike pachifuwa, osati m'chikwama cha pamwamba pa shapa. Panjira usacheuke, ndipo pa Mandimba posintha galimoto umuuze kuti tikusintha, asasochere. Ndalankhula kale ndi azakhali ako, ndipo malo tawaona m'mphepete mwa manda, pafupi ndi pamene pagona bambo ako. Dothi limenelo palibe anasayinira. Mwanamphero ndamutsuka, ali pawindo, akudikira kukakhala pamwamba pake.

Ndikumva mawu ako kumsewu, ukuseka ndi ana a amalume ako, ndiye ndilekeza pano kuti ndipinde pepalali usanalowe. Mawa pokwera shapa ndikangoti zii, usadandaule, zonse zili muno.

Nyumba isiye, Odete. Ubwere ndi mng'ono wako yekha.

Ndine mayi ako,
Selina